Mel ndi Kim Appleby: nyimbo zinayi, miyezi 10 ya pasiteji, ndi matenda omwe anaimitsa zonse

Gulu la Mel and Kim linali la atsikana awiri a bere limodzi ochokera ku Hackney, dera la anthu wamba kum'mawa kwa London. Wamkulu ndi Kim Appleby, wobadwa pa 28 Ogasiti 1961. Mng'ono wake anali Melanie, yemwe aliyense ankangomutchula kuti Mel, wobadwa pa 11 Julayi 1966. Bambo awo anali a ku Jamaica, mayi awo a ku England komweko. Kuyambira Seputembala 1986 kufika Febuluwale 1988 anatulutsa nyimbo zinayi, ndipo zonsezo zinalowa pa nyimbo 10 zapamwamba pa tchati cha Britain: "Showing Out (Get Fresh at the Weekend)" pa nambala 3, "Respectable" pa nambala 1, "F.L.M." pa nambala 7, ndi "That's the Way It Is" pa nambala 10. Chimbale chinali chimodzi basi, F.L.M. cha mu Epulo 1987, chomwe chinafika pa nambala 3 n'kugulidwa makope oposa 300,000 ku Britain kokha. Mel anamwalira pa 18 Januwale 1990 ali ndi zaka 23.

Ukangowerenga manambalawa ungaganize kuti ntchito inayenda chaka ndi theka. Ayi. Nthawi yomwe awiriwa anali kukwera siteji, kuvina ndi kuyenda m'maiko inali miyezi 10 yokha, kuchokera Seputembala 1986 kufika Juni 1987. Nyimbo ziwiri zomalizazo zinagulitsidwa eni ake osaoneka. Lipotili likutsata mmene ntchitoyi inamangidwira, chifukwa mamangidwe omwewo ndi amene anachititsa kuti msana wa munthu mmodzi uimitse chilichonse.

Mmene anapezera kaimbidwe kawo

Anayamba ndi Mel. Anali atagwirapo ntchito yojambulitsa zithunzi za m'magazini, zina mwa izo atavula, ndipo manijala wake anali a Alan Whitehead, omwe kale ankaimba ng'oma m'gulu la Marmalade. Mel anajambula yekha nyimbo zoyeserera, kenako Kim analowapo, ndipo matepi a awiriwo ndiwo anawapezera kontirakiti ku Supreme Records, kampani yaing'ono ya a Nick East. Kampaniyi inali itapeza kale bwino ndi woimba wina, Princess, yemwe nyimbo yake ya "Say I'm Your Number One" inafika pa nambala 7 mu 1985. Anaikonza nyimboyo anali a Mike Stock, a Matt Aitken ndi a Pete Waterman ku situdiyo ya PWL ku Borough, kum'mwera kwa mtsinje wa Thames. A East anatumiza atsikanawo komweko.

Nyimbo yoyamba kuwakonzera inali "System", yofatsa, ya mtundu wa soul, yoyandikana ndi zomwe zinamuyendera Princess. Limeneli ndi vuto lofala m'masitudiyo: telala kusokera munthu wa lero malaya pa muyeso wa kasitomala wa dzulo, pongoti onse ndi atsikana akuda a ku London. Nyimboyo sinali yoipa, koma sinali yawo. Atsikanawa akachoka pa maikolofoni ankasanduka anthu ena, aphokoso, oseka mokweza, olankhula Chingelezi cha m'misewu ya Hackney mopanda manyazi. Okonza nyimbowo ataona zimenezi anabweza maganizo. "System" inapita kuseri kwa mbale, ndipo kutsogolo kunabwera nyimbo yatsopano, "Showing Out", yokamba za munthu wogwira ntchito sabata yonse amene akudikira Loweruka kuti atchene n'kukadzionetsa. Chisankho chimenechi ndicho chachikulu pa ntchito yonse ya gululi.

Nthawiyo n'kuti nyimbo za house zochokera ku Chicago zitangoyamba kulowa m'makalabu a ku Britain. "Love Can't Turn Around" ya Farley "Jackmaster" Funk inafika pa nambala 10 chaka chomwecho cha 1986, ndipo "Jack Your Body" ya Steve "Silk" Hurley inakhala nambala 1 mu Januwale 1987. House imadziwika ndi ng'oma yaikulu ya makina yogunda mosalekeza, pafupifupi ka 120 pa mphindi, pamodzi ndi besi ya pa kiyibodi yobwerezabwereza. Koma ya ku Chicago inkapangidwira kalabu: yaitali, mawu ochepa, yopanda polowera munthu womvera pa wailesi kukhitchini. Chomwe a PWL anachita n'kutenga ng'oma ndi besiyo n'kuzimangira nyumba ya nyimbo ya pawailesi, ndime kenako kolasi, ndime kenako kolasi, zonse m'mphindi zitatu ndi theka. Ng'oma zinkachokera m'makina a Linn, moti pa zikuto za mbale zawo zambiri woimba ng'oma ankalembedwa kuti A. Linn. Wosakaniza mawu, Phil Harding, ankakonza mitundu iwiri: ya mbale yaing'ono ya mainchesi 7 yopita ku wailesi, ndi ya mainchesi 12 yokhala ndi ng'oma zokhazokha koyambirira ndi kumapeto, kuti DJ apeze polumikizira nyimbo ina popanda kuimitsa ovina.

Pa mawu, awiriwa nthawi zambiri ankaimba liwu limodzi, osati wina pamwamba wina pansi. Mzere umajambulidwa, n'kuubwerezanso, n'kuusanjikiza kuti mawu anenepe. Njirayi imavuta kwa anthu awiri osadziwana, chifukwa wina akamaliza "s" kapena "t" mochedwerapo pang'ono khutu limagwira msanga, ndipo mzere wonse umamveka wauve. Abale okulira nyumba imodzi amatchula mawu mofanana, amapumira pamodzi, ndipo zotsatira zake ndi liwu limodzi lalikulu lomwe sungathe kuligawa kuti uyu ndi Mel, uyu ndi Kim. Ubwino wake unali umenewo. Kuipa kwake kunadzaoneka pambuyo pake: liwu lomwe anthu anagula silinali la mmodzi wa iwo.

Sabata ya nyimbo ku Britain mu 1986

Kuti munthu amvetse chifukwa chomwe kuoneka kwa oimba kunali kofunika chotere, ayenera kudziwa mmene sabata inkayendera. Nyimbo isanatuluke, makope ochepa a mainchesi 12 ankatumizidwa kwa ma DJ a m'makalabu kuti anthu ayambe kuifunsa m'masitolo. Ikatuluka, kampani ya Gallup inkawerenga malonda m'masitolo osankhidwa, ndipo tchati chatsopano chinkalengezedwa pa BBC Radio 1 Lachiwiri masana (chinasamukira ku Lamlungu mu Okutobala 1987). Nyimbo yomwe ikukwera inkapeza mwayi wa pulogalamu ya Top of the Pops, yomwe inkaonetsedwa Lachinayi madzulo pa BBC1. Loweruka achinyamata ankapita kukagula zomwe aona Lachinayi. Mphindi zitatu za Lachinayizo zinkatha kukweza nyimbo masitepe ambiri sabata yotsatira.

Pa mphindi zitatu zimenezi ndi pomwe Mel ndi Kim ankaposa anzawo. Zipewa za mlomo wophwatalala zopendekera kutsogolo, majekete a mapewa otambalala, masitepe ovina ofanana ngati munthu ndi chithunzi chake m'galasi, ndiyeno pakati pa zonsezo mmodzi amacheukira mnzake n'kuseka. Kusekako sikunali kophunzitsidwa, ndipo oonera ankadziwa. Mtsikana wa ku Leeds kapena Glasgow ankatha kugula chipewa chotere pamsika n'kuphunzira masitepewo ndi mnzake kuchipinda. "Showing Out" inafika pa nambala 3 mu Novembala 1986, Mel ali ndi zaka 20, Kim 25. Inakhalanso nambala 1 ku West Germany ndi pa tchati cha Billboard cha nyimbo zovina ku America, komwe inatulutsidwa ndi Atlantic Records.

"Respectable"

Nyimbo yachiwiri ndi yomwe imaonetsa ngati gulu lilidi ndi moyo kapena linangogwera mwayi. Pa nthawiyi nyuzipepala zinali zitafukula zithunzi zakale za Mel zija. M'malo mobisala, gululi linabwera ndi nyimbo yomwe uthenga wake ndi woti mutitenge mmene tilili kapena mutisiye, ulemu womwe mukufunawo sitiusaka. Chipongwe chinasanduka malonda, ndipo chinatheka chifukwa zinkagwirizana ndi khalidwe lomwe anthu anali ataliona kale pa kanema.

Mbedza ya nyimboyi ili koyambirira kwenikweni. Kachidutswa ka liwu loyamba kanadulidwa, kanalowetsedwa m'makina osunga mawu, n'kuimbidwa pa kiyibodi mobwerezabwereza ngati wachibwibwi, kwinaku kakukwera ndi kutsika. A Nick East sanakakonde ndipo ankafuna kachotsedwe. Chinathetsa mkanganowo si msonkhano wa muofesi ayi. Atsikanawo anakaiimba nyimboyo pamaso pa anthu ku Netherlands, anthuwo anayamba kubwereza kachidutswa komweko mokuwa, ndipo nkhani inathera pomwepo. Njira imeneyi ndi yotsika mtengo ndipo mamanijala ambiri amaidumpha: mbali ya nyimbo yomwe akuluakulu akukanganirana iyesedwe pa anthu ovina isanadindidwe pa mbale, ndipo woyesayo ayang'ane miyendo ndi milomo ya anthu, osati kufunsa maganizo awo pambuyo.

"Respectable" inatuluka mu Febuluwale 1987 n'kukhala nambala 1 kumapeto kwa Malichi. Inali nambala 1 yoyamba ku Britain yomwe a Stock, a Aitken ndi a Waterman anailemba okha n'kuikonzanso okha. Ya gulu la Dead or Alive ya mu 1985 anangoikonza, sanailembe. Inatenganso malo oyamba ku West Germany, Netherlands, Switzerland ndi Australia. Ku Britain inakhala pamwamba sabata imodzi yokha, ndipo inachotsedwa ndi nyimbo ya gulu la oimba ambiri lotchedwa Ferry Aid, yosonkhetsa ndalama pambuyo pa ngozi ya sitima ya Herald of Free Enterprise yomwe inagubuduka ku Zeebrugge ku Belgium pa 6 Malichi 1987 n'kupha anthu 193. Mel ndi Kim anaimba nawo m'nyimbo imeneyo, ndipo okonza ake anali omwewo a PWL. Mu Epulo chimbale chinatuluka. Miyezi isanu ndi iwiri yokha inali itadutsa chitulukireni nyimbo yoyamba.

Pomwe zinasokonekera

Matendawa sanayambe ndi kutchuka. Mu Disembala 1985, gululi lisanatulutse kalikonse, Mel analandira chithandizo cha chotupa cha khansa pa chiwindi. Mtundu wake unali paraganglioma, khansa yosowa yomwe imayambira m'maselo ena ogwirizana ndi mitsempha, ndipo ikafalikira imakonda kupita ku mafupa. Mu Januwale 1987 anayamba kumva msana, mpaka kujambula vidiyo ya "Respectable" kunachedwa. Ntchito inapitirira. Mu Juni, ali ku Japan kukatsatsa chimbale, ululu unafika poti sangathenso, ndipo anabwerera ku London pa njinga ya olumala. Kuchipatala anapeza kuti khansa yabwerera, tsopano ili m'fupa la msana.

Apa aliyense woyang'anira oimba aime pang'ono. Wovina kudandaula msana ndi nkhani ya tsiku ndi tsiku: nsapato zazitali, maulendo a pandege, kubwereza sitepe imodzi kambirimbiri. N'chifukwa chake ululu woopsa umabisala mosavuta pakati pa ululu wamba. Madokotala amaphunzitsa kuti munthu amene anadwalapo khansa akayamba kumva msana wosaleka, makamaka wopweteka usiku ali gone, kapena wobwera ndi dzanzi ndi kufooka kwa miyendo, afunika kuunikidwa msanga ndi makina, osati kungomupatsa mankhwala opha ululu n'kumukweza ndege. Manijala sangagwire ntchito ya dokotala, koma ndiye amene agwira kalendala, ndipo ndi iye angathe kuchotsamo masiku awiri. Woimba wa zaka 20 amene nyimbo yake ili pa nambala 1 sadzapempha yekha kupuma.

Kwa anthu kunanenedwa kuti Mel wavulala msana. Banja linafuna kuti alandire chithandizo mwakachetechete, ndipo ufulu umenewo unali wawo. Koma kubisa kuli ndi mtengo wake womwe uyenera kuwerengedwa pa tsiku loyamba. Kuvulala msana kumapola m'masabata angapo, choncho mwezi uliwonse wodutsa umabweretsa mafunso atsopano, ndipo atolankhani a nyuzipepala za miseche za ku London sankagona. Mapeto ake chithunzi cha Mel ali pa chithandizo, thupi litatupa ndi mankhwala, chinatuluka m'nyuzipepala iye asanafune. Mu 1988 awiriwo analankhula poyera za khansayo, ndipo mu Epulo chaka chomwecho anaonekera limodzi pa pulogalamu ya Wogan pa BBC. Mel anaseka monga mwa masiku onse. Nkhani yotere ndi bwino mwini wake aitulutse yekha, pa tsiku lomwe wasankha, ndi mawu ake, isanagulitsidwe ndi wina.

Ku mbali ya malonda, nyimbo ya "F.L.M." inatuluka pa nthawi yomwe Mel anagona m'chipatala. Panalibe woti akajambule vidiyo. Anatenga zithunzi za pomwe awiriwo ankaimba ku Montreux ku Switzerland, n'kuzisakaniza ndi zidole ziwiri zovekedwa ngati iwo. Nyimboyo inafika pa nambala 7. Ya "That's the Way It Is" Mel anachita kuchoka m'chipatala kukaijambula mawu, ndipo vidiyo yake inali ya ovina ena, eni ake osaonekamo. Inafika pa nambala 10 mu 1988. Kutsika kwake kukuoneka: 1, kenako 7, kenako 10. Okonza anali omwewo, mawu omwewo, dzina lomwelo. Chomwe chinasowa ndi mphindi zitatu za Lachinayi zija. Zidole zinavala zipewa, koma sizikanatha kucheukirana n'kuseka.

Dzina lokha linali likadali ndi mphamvu. Kumapeto kwa 1987 wanthabwala Mel Smith ndi woimba Kim Wilde anatulutsa nyimbo ya Khirisimasi yothandiza bungwe la Comic Relief pansi pa dzina loti Mel & Kim, kutengera dzina la atsikanawa, ndipo inafika pa nambala 3. Mu 1988 gululi linasankhidwa kupikisana nawo pa mphoto za Brit m'gawo la oimba atsopano, yomwe inapita ku gulu la Wet Wet Wet. Koma situdiyo ya PWL inali makina othamanga, ndipo inapitirira ndi ena. Rick Astley anatenga nambala 1 mu Ogasiti 1987, Kylie Minogue mu Febuluwale 1988.

Tiyerekeze ndi Bananarama, gulu la atsikana atatu lomwe linkagwira ntchito ndi okonza omwewa. Siobhan Fahey atachoka mu 1988, Jacquie O'Sullivan analowa m'malo mwake ndipo nyimbo zinapitirira kutuluka. Gulu la atatu lokhala ndi dzina losatchula munthu lingathe kusintha mmodzi. Gulu la awiri lomwe dzina lake ndi maina a eni ake, liwu lake ndi mawu awiri osungunukirana, ndipo chokoka chake ndi ubale wa magazi, lilibe wolowa m'malo. Zimenezi si cholakwa choti chikonzedwe, ndi mmene gulu lotere liliri. Chomwe chingatheke ndi kukonzekeratu nthawi yabwino ikadalipo: kujambuliratu vidiyo ya nyimbo yotsatira pa tsiku lomwe makamera abwera kale, kusunga nyimbo ziwiri kapena zitatu zomalizidwa mawu, ndi kuwerenga bwino mapepala a inshuwalansi ya kulephera kuonekera pasiteji, chifukwa makampani ambiri sateteza matenda omwe munthu anali nawo kale asanasaine.

Ndalama zikaima

Nyimbo iliyonse ili ndi umwini wa mitundu iwiri. Pali umwini wa nyimbo yolembedwa, mawu ndi maimbidwe ake, womwe ndi wa wolemba. Palinso umwini wa chojambulidwacho, womwe kawirikawiri umakhala wa kampani. Ku Britain wolemba amalandira kudzera ku bungwe la PRS nyimbo ikaseweredwa pa wailesi kapena pamalo a anthu, ndi kudzera ku bungwe la MCPS makope akadindidwa. Ndi ntchito yofanana ndi yomwe COSOMA imagwira ku Malawi. Woimba wosalemba amadikira gawo lake la malonda a mbale, ndipo m'makontirakiti ambiri gawolo limayamba kufika kampani ikabweza kaye ndalama zomwe inamupatsiratu ndi zina zomwe inawononga pa iye. Ndalama ya msangamsanga ya woimba wotere imachokera pa kuonekera: makalabu, makonsati, mapulogalamu a kanema.

Nyimbo zinayi zonse za Mel and Kim zinalembedwa ndi a Stock, a Aitken ndi a Waterman. Tanthauzo lake n'loti mu Juni 1987, miyendo itaima, njira ya ndalama yodalira thupi inatsekeka kwa onse awiri nthawi imodzi. Kim anali wathanzi, koma analibe poimbira yekha, ndiponso anasankha kusamalira mng'ono wake. Njira yosadalira thupi, ya wolemba, inali ya anthu ena. Palibe chachilendo pa kagawidwe kameneka, wolemba ndi wolemba, koma woimba aliyense wosaina kontirakiti ayenera kudziwa kuti ali mbali iti ya mzerewu.

Awiriwo anachiona chimenechi ali pakati pa mavuto. M'miyezi ya chithandizo, Mel akapezako bwino, anayamba kulemba nyimbo zawozawo kunyumba, mothandizana ndi Craig Logan, yemwe anali woimba besi m'gulu la Bros. Cholinga chinali chimbale chachiwiri cha Mel and Kim. Sichinatheke. Mankhwala a khansa a chemotherapy amapha maselo ogawikana msanga, ndipo pamodzi ndi a khansa amagwetsanso maselo oyera a magazi omwe amateteza thupi. Kawirikawiri amatsika kwambiri pakati pa masiku 7 ndi 14 chilandirireni mankhwala. N'chifukwa chake wodwala wotere thupi likatentha kufika madigiri 38 amauzidwa kuthamangira kuchipatala nthawi yomweyo, usiku kapena usana. Mel anagwidwa ndi chimfine, chimfinecho chinasanduka chibayo, ndipo thupi lake linalibe mphamvu yolimbana nacho.

Kim yekha

Kim sanabwerere ku PWL. Anasaina ndi Parlophone, ya kampani ya EMI, ndipo asanathe 1990 anatulutsa chimbale chotchedwa dzina lake lomwe, Kim Appleby, chokonzedwa ndi Pete Schwier ndi George De Angelis. Nyimbo zambiri m'chimbalechi ndi zomwe analemba ndi Mel. Yotsogolera, "Don't Worry", yomwe Kim analemba ndi Craig Logan, inafika pa nambala 2 mu Novembala 1990 ndipo inasankhidwa kupikisana pa mphoto za Ivor Novello, zomwe zimaperekedwa kwa olemba nyimbo, osati kwa oimba. Kaimbidwe kanasintha moyenera: mayendedwe ovina anakhalapo, koma liwu linali limodzi, loonekera, losabisala kumbuyo kwa kusanjikiza, ndipo sanayese kupeza mtsikana wina woti avale chipewa cha Mel.

Chimbale chake chachiwiri, Breakaway cha mu 1993, sichinayende ngati choyamba, ndipo kwa zaka zambiri Kim anachoka pamaso pa anthu. Mu 2018 anabwereranso pasiteji, anatsogolera pulogalamu ya nyimbo za m'ma 1980 pa BBC Four limodzi ndi woimba Midge Ure, ndipo tepi yakale yoyeserera ya awiriwo, "Where Is Love", inakonzedwa n'kutulutsidwa. Koma nyimbo yomwe inakwaniritsa zomwe ankafuna m'miyezi ya kuchipatala ija ndi "G.L.A.D.", yachiwiri ya m'chimbale choyamba cha Kim. Inafika pa nambala 10 kumayambiriro kwa 1991, chaka chimodzi Mel atamwalira, ndipo pa mzere wa olemba pali maina atatu: Kim Appleby, Craig Logan, ndi Melanie Appleby.